Takeshi Seyama: mkonzi wa makatuni a ku Japan amene simumutchula

Moni nonse, takulandiraninso. Musachoke, lero pali bodza lina limene ndikufuna tilikwirire limodzi.

Choyamba, mwachangu. Takeshi Seyama anabadwa mu 1944 ku Japan. Ndi mkonzi wa mafilimu, amene amadula ndi kulumikiza zithunzi. Mu 1974 anali kale pa ntchitoyi, pa makatuni a pa TV a Heidi.

Chachiwiri, chaka cha 1988. Dzina lake lili pa My Neighbor Totoro ya Hayao Miyazaki, Grave of the Fireflies ya Isao Takahata, komanso Akira ya Katsuhiro Otomo. Mafilimu atatu chaka chimodzi! Awiri oyambawo anatuluka tsiku limodzi, pa 16 Epulo. Ngati munalira poonera ya Takahata, dinani like, tidziwane.

Chachitatu, bodza lija. Anthu amati, "Makatuni safuna mkonzi, si zonse amajambula kale?" Abale, mawu amenewa amandiwawa. Inde, wotsogolera filimu amayamba wajambula nkhani yonse papepala, n'kulemba kutalika kwa kachigawo kalikonse. Koma pepala siliyenda. Zithunzi zikayamba kuyenda, 24 pa sekondi imodzi, m'pamene umaona kuti mwanayu watembenuka msanga, kapena chitseko chachedwa kutsekeka.

Ndiye taganizani. Pa filimu ya anthu enieni, mkonzi amasankha pa mulu, poti chochitika chimodzi amachijambula kangapo. Pa makatuni mulu umenewo palibe. Chithunzi chilichonse wina anachikhalira pansi ndi pensulo, zotsala n'zochepa. Mkonzi amangochotsa tizithunzi tiwiri apa, kutalikitsa pang'ono apo, nthawi zambiri utoto usanapakidwe n'komwe. Ku Japan mawu amawajambula kawirikawiri pambuyo pake, choncho olankhula amatsata mpata umene mkonzi wawasiyira. Kaonereninso My Neighbor Totoro, pamene atsikana awiri akudikira basi mvula ikugwa, Totoro, mzimu wa m'nkhalango, ataima pambali pawo. Muwerenge masekondi amene palibe akulankhula. Chete ameneyo akafupika pang'ono chabe, kukoma konse kwatha.

Theka la inu simunalembetse pa tchanelo chino, ndikukuonani. Batani lili m'munsimu.

Chachinayi, sanapume msanga. Spirited Away ya 2001 anaikonza ndi iye, ndipo mu 2023, akuyandikira zaka 80, anakonza The Boy and the Heron pamodzi ndi anzake awiri. Mafilimu onse awiriwa anapata mphoto ya Oscar.

Sabata yamawa tikamba za Akira Kurosawa, amene ankadula yekha mafilimu ake. Mafunso anu lembani mu ndemanga.