Ulendo wa ku Blantyre, Zomba ndi Liwonde: tikonze bwanji kuti aliyense akwere

Amayi ndi abambo, zikomo pobwera. Komiti yandipempha kuti ndilongosole za ulendo wathu, ndipo ndiyamba ndi zomwe ndinaona ndi maso anga zaka zingapo zapitazo.

Tinapita ndi achimwene anga, amene amayenda pa njinga ya aulumali, kukagona pamalo ena ogona alendo. Ndinali nditaimba foni kufunsa ngati munthu wa pa njinga angalowe. Anati, "Bwerani, palibe vuto." Pakhomo panalibedi sitepe. Koma chitseko cha kubafa chinali chopapatiza, moti njinga inakakamira pamafelemu, mawilo akukhula uku ndi uku. Usiku umenewo ine ndi mlonda tinawanyamula achimwene kupita nawo kuchimbudzi, bambo wa ana anayi. Sanadandaule, koma m'mawa tiyi anakana, madzi anakana, kuopa kunyamulidwanso. Zinandipweteka, ndipo sindifuna kuti zichitikire wina pa ulendo uno.

Choncho osamafunsa kuti, "Kodi malo anu ndi abwino kwa aulumali?" Aliyense adzavomera, ndipo sikuti akunama, kungoti sanakhalepo pa njinga. Funsani ndi manambala. Chitseko ndi chachikulu bwanji? Njinga zambiri zimakhala masentimita 60 mpaka 70 m'lifupi, ndiye chitseko chisachepere 80. Pakhomo pali masitepe angati? Chimbudzi ndi chokhalira kapena chonjuta? Pakhoma pali chogwirira? Muwapemphe ajambule ndi kutumiza pa WhatsApp, tepi yoyezera ili pachitsekopo. Akati pali rampu, njira yokwererapo njinga m'malo mwa masitepe, muione kaye. Yabwino imakwera sentimita imodzi pa masentimita 12 aliwonse. Zambiri zomwe timaziona m'matauni mwathu n'zotsetsereka kwambiri, wokankha akaterereka onse awiri agwa.

Tsopano njira. Tilipo asanu ndi atatu: awiri a pa njinga, agogo athu osaona, mtsikana wathu wachialubino, ndi ife anayi. Kuchoka kuno ku Lilongwe kukafika ku Blantyre pa msewu wa M1 ndi makilomita oposa 300. Ena mwanena kuti tinyamuke m'bandakucha, tikaone zonse za ku Blantyre tsiku lomwelo. Ine ndikukana. Munthu amene sangathe kudzisuntha pampando akakhala maola ambiri osatembenuka amachita zilonda za pakhungu, ndipo zilonda zimenezi zimatha miyezi zisanapole. Tiziima pakatha maola awiri aliwonse, ku Dedza, ku Ntcheu, mwinanso pa Zalewa, pamalo omwe chimbudzi chake tachiona kale. Tsiku loyamba ndi la msewu basi. Msungichuma, musaiwale ndalama za pa zipata zolipira za Kalinyeke ndi Chingeni, popita ndi pobwera.

Minibasi tibwereke yathuyathu, ya mipando yoposa chiwerengero chathu, kuti mpando wakumbuyo ukhale wa njinga. Njinga isakwezedwe pamwamba ndi kumangidwa zingwe ngati thumba la makala. Imeneyo ndi miyendo ya munthu. Ikapindika wilo ku Ntcheu, ulendo wa mwini wake wathera pomwepo. Tinyamule pampu, zigamba ndi sipanala. Adalaivala tikambirane nawo tisananyamuke kuti kukwera kokha kungatenge mphindi 15, asadzayambe kuliza hutala.

Ku Blantyre tigona masiku awiri pamalo amodzi, chifukwa kusamuka tsiku lililonse ndiko kumatopetsa kuposa kuyenda. Tsiku limodzi, malo awiri okha. M'mawa tchalitchi cha St Michael and All Angels, chomwe chinamangidwa kuyambira 1888 mpaka 1891 motsogozedwa ndi m'busa David Clement Scott, munthu amene sanaphunzire za zomangamanga, ndi njerwa zoumbidwa komweko ndi manja a anthu akuno. Apa ndikufuna ndiimepo chifukwa cha agogo. Anthu amaganiza kuti wosaona alibe chokaona. Khoma la tchalitchi chija lili ndi njerwa za maonekedwe osiyanasiyana, zina zokhota, zina zotuluka kunja. Agogo akayendetsa chikhatho pakhomapo adzadziwa ntchito ya amisiri aja kuposa ife amene tidzangojambula n'kudutsa. Wowaperekeza asawakoke dzanja ngati mwana. Iwo ndiwo agwire chigongono chake, iye azinena kuti kutsogoloku kuli sitepe yokwera, kumanzere kuli mzati. Masana tikaone nyumba yosungira zakale ya ku Chichiri, komwe makina akale a sitima ali pabwalo.

Zomba ili pafupi, makilomita ngati 65 pa M3. Linali likulu la dziko mpaka 1975, ndipo nyumba zakale za boma zimaoneka bwino muli m'galimoto momwemo. Msewu wokwera phiri ndi wa tala mpaka ku Ku Chawe, koma kupita ku Emperor's View, malo oonerapo patali komwe anakaima mfumu ya ku Ethiopia, Haile Selassie, mu 1965, ndi msewu wa dothi. Nthawi ya mvula musayerekeze. N'chifukwa chake ndikupempha kuti tipite pakati pa May ndi August, titatenga majuzi, poti pamwamba paja kumazizira zedi. October ayi: kutentha kwa ku Liwonde kungamuvute mwana wathu wachialubino, ngakhale atavala chipewa chachikulu ndi kudzola mafuta oteteza khungu ku dzuwa. Mafutawo anyamulebe, dzuwa la June nalonso limawotcha.

Ku Liwonde ambiri mukufuna boti pa mtsinje wa Shire, kukaona mvuu ndi ng'ona. Kutsikira m'boti n'kovuta kwa munthu wa pa njinga, ndiye chisankho chikhale cha eni ake. Wina angalole kunyamulidwa kuti asaphonye, wina angakonde kuona njovu ali m'galimoto. Onse awiri ali ndi ufulu, ndipo tisawasankhire kuseri. Tikawanyamula, tifunse kaye kuti tigwire pati.

Mankhwala aliyense atenge opitirira ndi masiku awiri, pamodzi ndi buku la kuchipatala, m'chikwama cha m'manja osati m'katundu wa kumbuyo. Pa ndalama, mtengo wa woperekeza tigawane tonse. Si bwino kuti munthu alipire kawiri chifukwa choti akufunika womuthandiza.

Sabata ya mawa ndikufuna anthu awiri oimba mafoni ndi kusonkhanitsa zithunzi za zitseko ndi zimbudzi. Mmodzi akhale wa pa njinga, chifukwa adzaona zomwe ine sindingazione. Tepi yoyezera ndabwera nayo. Tisanabalalike, tiyeze njinga ziwirizi pompano, alembi alembe manambala ake.