Za Kuno ku Alaska: Sitima, Ayezi ndi Zimbalangondo Tsiku Limodzi

Moni nonse kulikonse kumene mukumvera. Akumudzi mwaswera bwanji? Anzanga a ku Joni, a ku UK, ndi inu a muno mu America, takulandirani. Kuno ku Anchorage tili mu July, dzuwa likumalowa cha m'ma 11 usiku, ndiye mukamva mawu anga akukokeka musadabwe, tulo tikugona ta apo ndi apo.

Pa mauthenga amene mumanditumizira pa WhatsApp, funso lina likubwerabwera. Akuti, "Achemwali, mumangotiuza za ntchito, za lendi, za kuzizira. Dziko limenelo lilibe kokapitidwa mphepo?" Kulipo, kochuluka. Vuto ndi ifeyo obwera. Ambirife timadziwa njira zitatu basi: ya kuntchito, ya kutchalitchi, ndi ya kusitolo kumene timapeza ufa. Chonsecho anthu akuchoka ku Germany, ku Japan, ku Texas, kutaya ndalama zankhaninkhani kudzaona zinthu zimene zili kuseri kwa nyumba zathu. Ndiye lero ndikufotokozereni ulendo umene ndinayenda mwezi uno, wa tsiku limodzi, wokhala ndi woperekeza: sitima, malo osungira nyama, ndi bwato pakati pa ayezi.

Tiyambe ndi ndalama, poti ndikudziwa ndi zimene mukudikira. Ulendo woterewu ndi madola opitirira 200 pa munthu. Ukangoyamba kuwerengera m'makwacha, supita. Mutu umakuuza kuti awa ndi matumba a feteleza, iyi ndi fizi ya mwana wa achimwene. Maganizo amenewo ndimawadziwa, ndipo sindikuwanyoza, chifukwa ndi amene anatibweretsa kuno. Koma ine ndinafika poona kuti munthu wosamalira okalamba usiku ndi usana, amene amapukuta, kunyamula ndi kudyetsa anthu ena, akhoza kudzigulira tsiku limodzi pa chaka popanda kupepesa kwa aliyense.

Sitima imanyamuka chakum'mawa, isanakwane 10 koloko, pa siteshoni ya m'munsi mwa tauni pafupi ndi kamtsinje ka Ship Creek. Pamenepo ndi pamene Anchorage anabadwira. Mu 1915 panali matenti okhaokha a anthu obwera kudzafuna ntchito yomanga njanji, ndiye nthawi zina ndimati mzinda uno unayambitsidwa ndi aganyu anzathu. Njanji yonse, kuchokera ku Seward mpaka ku Fairbanks, ndi makilomita pafupifupi 750, ndipo inatha mu 1923, pamene pulezidenti Warren Harding anabwera kudzakhoma msomali womaliza ku Nenana. Kuyambira 1985 mwini wake ndi boma la Alaska. Sitima imene timakwera pa ulendowu amaitcha Glacier Discovery, ya mabogi abuluu ndi achikasu, ndipo imayenda nyengo yotentha yokha, kuyambira kumapeto kwa May kufika pakati pa September.

Amene munakwerapo ya ku Limbe kupita ku Balaka mukudziwa kuti sitima sithamanga. Iyinso sithamanga, koma iyi imachedwa dala. Oyendetsa akaona nyama amachepetsa liwiro, wina n'kulengeza pa chinkuzamawu kuti yang'anani kumanzere, yang'anani kumanja.

Mukadzakwera, khalani mbali ya kumanja popita. Mukangotuluka mu tauni, njanji imatsata gombe la Turnagain Arm, mbali ina ya nyanja yamchere imene yalowa pakati pa mapiri. Kumanzere thanthwe lachita njo, kumanja madzi ali pafupi moti ukhoza kuponyamo mwala. Madzi a pamenepa amakwera ndi kutsika kawiri pa tsiku, ndipo kusiyana kwake kumafika mamita 9 kapena kuposa, ndi ochepa malo padziko lapansi amene amatero. Akaphwa, pamatsala chidikha cha matope otuwa, osalala, ooneka ouma. Apa ndimveni bwino, makamaka inu obwera kumene amene mumakonda kujambulitsa: musapondepo. Matope amenewo ndi fumbi la miyala yoperedwa ndi ayezi, amagwira mwendo osausiya, madzi akamabwerera sadikira munthu. Anthu anafapo pamenepo.

M'madzi amenewa mumakhala anangumi oyera otchedwa beluga. A kuno ku Cook Inlet, nyanja imene Turnagain Arm ndi mbali yake, atsala mazana ochepa chabe, ndipo kuyambira 2008 boma linawaika pa gulu la nyama zimene zili pangozi yotheratu. Ife sitinawaone. Tinaona nkhosa zam'tchire zoyera, za mtundu wa Dall, zili pamwamba pa thanthwe pomwe mbuzi ya kwathu ikhoza kuganiza kawiri. Woperekeza wabwino amakuuziratu kuti nyama zam'tchire sizisayina kontirakiti, ndipo wathu ananena zomwezo tisananyamuke.

Tikuyandikira ku Portage, kutadutsa Girdwood, ndinaona mitengo yambiri youma, yotuwa, itaima m'dambo popanda tsamba ndi limodzi lomwe. Poyamba umayesa moto unadutsa. Ayi, ndi chivomerezi cha pa 27 March 1964, tsiku la Lachisanu Loyera, cha mphamvu ya 9.2, chachikulu kuposa china chilichonse chimene chinayezedwapo ku North America. Nthaka ya dera limeneli inatitimira pafupifupi mamita awiri, madzi amchere n'kulowa, kupha mitengo, ndipo mchere womwewo ndi umene waisunga osawola mpaka lero. Kamudzi ka Portage kanathera pomwepo, anthu anasamuka. Mukayang'anitsitsa mumaona denga la kanyumba litamira m'udzu.

Ife tinatsikira pa Portage pomwepo, sitima n'kupitirira ku Whittier kuti idzatitenge pobwerera. Za Whittier ndidzakamba tsiku lina, koma tangomvani izi: kuti ufikeko umadutsa pansi pa phiri, mu una wa makilomita 4, momwe sitima ndi magalimoto zimasinthana njira imodzi yomweyo, ndipo anthu ambiri a tauniyo amakhala m'nyumba imodzi yosanja ka 14.

Basi inatitenga kupita ku Alaska Wildlife Conservation Center, pafupi pomwepo. Malowa anatsegulidwa mu 1993, ndi maekala pafupifupi 200, ndipo amasunga nyama zamasiye ndi zovulala zimene sizingathe kudzidalira kutchire. Amene munafikako ku Lilongwe Wildlife Centre mwaumva kale mtundu wa ntchito yake. Ndinene mosabisa: nyamazi zili mumpanda. Ngati mukuyembekeza zonga za ku Liwonde, njovu ikuwoloka Shire mwa kufuna kwake, apa si pamenepo. Koma chimbalangondo chofiirira ndinachionera pafupi, ndipo ndinathokoza Mulungu chifukwa cha mpandawo. Linunda pamsana, zikhadabo zotalika kuposa zala zanga, koma chikuyenda mwaulesi ngati sichingathamange. Chimathamanga kuposa munthu aliyense amene mukumudziwa. N'chifukwa chake kuno amatiphunzitsa kuti ukakumana nacho usathawe, ndipo oyenda m'tchire amanyamula kachitini ka tsabola wopopera.

Moose, nyama zazikulu zonga mphalapala, sindinazitaire nthawi. Zimenezo zimabwera zokha mu Anchorage, kudya mitengo ya pakhomo, kukuchedwetsa kuntchito, ndipo abwana amamvetsa ukawauza. Chimene chinandigwira mtima ndi njati za kuno, zotchedwa wood bison. Zinatheratu mu Alaska zaka zoposa 100 zapitazo. Anakatenga zina ku Canada, kuziweta pamalo pano mpaka zitachulukana, ndipo mu 2015 anatengako 130 kukazimasula kutchire cha ku mtsinje wa Innoko, zambiri pa ndege. Njati pa ndege, abale! Ndikumva zimenezi ndinakumbuka Majete, imene inatsala pang'ono kukhala tchire lopanda nyama mpaka pamene anayamba kubwezeretsamo zipembere mu 2003, ndi njovu 500 zija anazisamutsira ku Nkhotakota mu 2016 ndi 2017. Ndinamuuza woperekeza wathu za njovuzo, anatsegula pakamwa. Ndinamva kukoma kukhala ine wouza mzungu nkhani ya nyama.

Masana sitima inabwera, tinakweranso, ndipo apa ndi pamene njanji imasiyana ndi msewu. Kumene tinkapita, ku Spencer, kulibe msewu wa galimoto. Ufike pa sitima basi. Malo otsikirapo anawatsegula mu 2007, mogwirizana pakati pa a njanji ndi a zankhalango, chifukwa dera lonselo lili mu Chugach National Forest. Netiweki musaidalire. Dzinalo ndi la munthu wina wogwira ntchito ya njanji amene anagwera mu mng'alu wa ayezi n'kufera momwemo mu 1905. Amakuuza zimenezi uli pafupi kukwera bwato, sindikudziwa amaganiza chiyani.

Glacier, kwa amene simunaionepo, ndi mtsinje wa ayezi. Chipale chofewa chikagwa m'mapiri chaka ndi chaka osasungunuka chonse, chimapanikizana, mpweya n'kufinyidwa, n'kusanduka ayezi wolimba, wolemera moti amayamba kutsetsereka yekha pang'onopang'ono kulowera kuchigwa. Akamatsetsereka amapera miyala yapansi, ndiye chifukwa chake madzi ochokera kumeneko ndi otuwa ngati otsukira mpunga. Ayezi wothinana choncho amaoneka wabuluu, buluu wake wosafuna fyuluta ya pa foni. Glacier ya Spencer imathera m'nyanja yaing'ono, ndipo nyanjayo ilipo chifukwa glacier ikubwerera m'mbuyo: pamene pali madzi lero panali ayezi. Kutsogolo kwake kumabenthuka, zibenthuzo n'kumayandama, zina zazing'ono, zina zazikulu kuposa nyumba.

Pagombe anatipatsa jombo, chovala cha mvula, ndi jekete yoyandamitsa. Apa ndilankhule ndi azimayi anzanga amene mwayamba kale kupukusa mitu. Ine ndine wa ku Dedza, kumudzi kwathu kulibe nyanja, ndipo kusambira kwanga n'kwa m'bafa. Bwato lake ndi lampira, lopopa, lalikulu, mumakhala anthu angapo m'mbali. Wopalasa ndi woperekezayo, ali pakati ndi nkhafi ziwiri zazitali. Iwe ntchito yako ndi kukhala pansi ndi kugwira chingwe. M'bwato lathu munali agogo ena a ku Florida ndi kamdzukulu kawo, ndiye mantha anga anasowa pobisala.

Kuzizira ndiye kulipo. Ife a ku Dedza timadzitama ndi June wathu, koma mphepo yochokera pa glacier imalowa mpaka m'mano, ngakhale dzuwa likuwala. Madziwo angotsala pang'ono kuundana. Ndinaviikamo dzanja, sindinachedwe kulichotsa. Woperekeza anavuula kachibenthu kakang'ono kuti tigwire, koyera mbee, kolemera kuposa mmene kamaonekera. Zikuluzikuluzo sankaziyandikira kwambiri. Anatifotokozera kuti chimene ukuona pamwamba ndi gawo laling'ono, pafupifupi limodzi mwa magawo 10, zina zonse zili pansi, ndipo pansipo pakasungunuka chibenthu chimagudubuzika mosachenjeza. Akasiya kupalasa umamva ayezi akuthetheka, timpweya takalekale tikutuluka, kenaka patali kugunda kwa chibenthu china chikugwa. Pamenepa bwato lonse linakhala chete, ngakhale agogo aja amene anali asanapume kulankhula chichokere ku Anchorage.

Kuchoka m'nyanjamo mumalowa mumtsinje wa Placer, makilomita pafupifupi 11. Musaganize za mathithi a pa TV aja anthu akukuwa. Mtsinjewu ndi wofatsa, wogawikanagawikana pakati pa timilu ta miyala, mafunde ake ongokuthira madzi pa maondo. Kunena zoona chigawo chimenechi chimatalika, ndipo ukakhala kuti sunavale bwino umayamba kufunsa mumtima kuti tifika liti. Chinandidzutsa ndi mbalame ili pa mtengo wouma, mutu woyera, mlomo wachikasu. Ndinangoti, nkhwazi! Ndipo ndi abale enieni, chiwombankhanga cha pa chidindo cha America ndi nkhwazi yathu ya ku Mangochi ndi za banja limodzi, zonse zodya nsomba. Kusiyana kwake n'kulira. Ya kuno thupi lonselo, koma kulira kwake n'kopyapyala, kochititsa manyazi. Yathu ikalira mutu utagadamira kumbuyo, gombe lonse limamva.

Udzudzu ulipo, waukulu, wolusa, koma ulibe malungo. Mtima wa Mmalawi umatenga nthawi kuti ukhulupirire zimenezi.

Mapeto ake, mabwato amakocheza m'tchire penapake pafupi ndi njanji, popanda siteshoni, popanda nyumba, ndipo sitima imabwera kudzaima pomwepo chifukwa cha inu. Mumakwera ndi jombo zanu zonyowa, mkati muli kotentha, mumagula khofi. Pa Portage mumasankha: basi imakufikitsani ku Anchorage chakumadzulo, kapena mukhale mu sitima mufike cha m'ma 9 usiku, kunja kukadali kowala. Ine ndinali ndi shifiti m'mawa mwake, ndinakwera basi.

Wina anandifunsa mu sitima kuti ndimachokera kuti. Ndinati Malawi, iye akuti, "Maui? Ku Hawaii?" Zimenezi tinazizolowera. Koma ndinaona kuti tsiku lonse akuda tinali owerengeka pa zala za dzanja limodzi, chonsecho m'mahotela ndi m'makhitchini mmene alendowa amagona ndi kudya mwadzaza anthu obwera. Achinyamata opalasa mabwatowo nawonso ambiri ndi a nyengo chabe, amabwera May, September ikafika amalongedza.

Ndiye amene muli muno mu Alaska ndipo mukufuna kupita, sungitsani malo msanga, chifukwa July ndi August sitima imadzaza. Valani zovala zingapo zosanjikiza, jinzi isiyeni kunyumba poti ikanyowa siuma, tengani chipewa, magolovesi ndi kamba wanu, ndipo musaiwale kandalama kothokozera wopalasa, kuno ndi mwambo. Amene muli ndi ana funsiranitu za msinkhu umene amalola m'bwato. Tikakhala gulu tikhoza kupempha tsiku lopuma limodzi, ndilembereni tione.

Sabata yamawa tikamba za nsomba za salmon: chilolezo chophera nsomba ndi ukonde wapamanja ku mtsinje wa Kenai, ndani amaloledwa, ndiponso ngati imayenda ndi nsima. Ndili ndi maganizo anga pa nkhani imeneyo, ndipo ena a inu simuwakonda. Tsalani bwino.