Lee Grant, mayi amene anatsekedwa pakamwa zaka 12 n'kudzagwira kamera

Zikomo amfumu, zikomo amayi ndi abambo, ndi inu achinyamata a gulu la zisudzo mwakhala kutsogoloku. Lero ndikufuna tikambe za mayi wina wa ku America, dzina lake Lee Grant. Anatchuka ngati wochita zisudzo za pa TV ndi m'mafilimu, koma atakula anayamba kujambula mafilimu a zochitika zenizeni, aja oonetsa anthu enieni ndi mavuto awo enieni.

Mayiyu anabadwira mumzinda wa New York. Mu 1949 anasewera m'sewero la pa siteji lotchedwa Detective Story, ngati mtsikana wogwidwa akuba m'sitolo. Inali mbali yaing'ono, koma anaisewera mogwira mtima moti seweroli litasandutsidwa filimu mu 1951 anamutenganso. Dzina lake linaikidwa pa mndandanda wa opikisana pa mphoto yaikulu ya mafilimu yotchedwa Oscar, ndipo mu 1952 analandira mphoto ya mkazi wosewera bwino koposa pa chikondwerero cha mafilimu cha ku Cannes, m'dziko la France. Mtsikana wongoyamba kumene, njira yonse ili pululu patsogolo pake.

Tsono mvetserani zimene zinachitika. Nthawi imeneyo ku America kunali mantha aakulu ndi chikomyunizimu. Komiti ina ya aphungu a nyumba ya malamulo inkaitana olemba ndi ochita zisudzo, n'kumawafunsa kuti atchule anzawo amene akuwaganizira kuti ndi achikomyunizimu. Wosewera wina, J. Edward Bromberg, anaitanidwa ngakhale ankadwala mtima, ndipo kumapeto kwa 1951 anamwalira ali ku London. Pamwambo womukumbukira, Lee Grant anaimirira n'kunena poyera kuti kusautsidwa ndi komiti ija kunathandizira imfa yake. Basi, mawu omwewo. Dzina lake linalowa m'kaundula wa anthu osayenera kupatsidwa ntchito, ndipo zitseko za makampani a mafilimu ndi a TV zinatsekeka.

Mwina mukufunsa kuti kaundulayo anali ndi mphamvu yanji, popeza silinali lamulo la boma. Mphamvu yake inali m'ndalama. Mapulogalamu a pa TV ankayenda ndi ndalama za makampani otsatsa malonda. Kunali bambo wina wa magolosale ku Syracuse, Laurence Johnson, amene ankaopseza makampaniwo kuti akalola munthu wokayikitsa kuonekera papulogalamu yawo, iye aziuza ogula kuti katundu wawo akuthandiza achikomyunizimu. Kampani ya sopo kapena ya mankhwala otsukira mano ingalolere zimenezo chifukwa cha wosewera mmodzi? Ayi ndithu. Munthu ankangouzidwa kuti mawa usabwere.

Njira yotulukira inalipo, koma inali yowawa: utchule ena. Mwamuna wake, Arnold Manoff, anali wolemba mafilimu ndipo nayenso anali m'kaundulamo. Lee Grant anakana kumupereka. Anakhala choncho zaka 12, zaka zimene wosewera wamkazi amakhala pachimake, akudya za m'masewero a pa siteji ndi kuphunzitsa ena zisudzo. Ine ndimaona kuti ntchito yonse imene anadzagwira pambuyo pake inaphukira pamenepa. Munthu amene analawapo kuthawidwa ndi anzake chifukwa chonena chilungamo amamuzindikira msanga mnzake wa tsoka lomwelo.

Dzina lake litachotsedwa m'kaundula, TV ndi imene inamudzutsa. Analowa m'sewero lopitirira la Peyton Place ngati Stella Chernak, ndipo mu 1966 analandira mphoto ya zisudzo za pa TV yotchedwa Emmy. Chaka chotsatira anasewera ndi Sidney Poitier mu In the Heat of the Night, kenako anapata Oscar chifukwa cha filimu ya Shampoo ya mu 1975. Wina akanati ndafika, ndipume. Koma iye ankadziwa kuti ku Hollywood mkazi akayamba imvi mafoni amasiya kulira. Choncho bungwe la American Film Institute litatsegula maphunziro a amayi ofuna kutsogolera kujambula mafilimu, iye anali m'gulu loyamba kulowa.

Apa ndiye ndikufuna ndichedwepo, makamaka chifukwa cha inu amayi. M'tauni yaing'ono ya Willmar, m'chigawo cha Minnesota, munali amayi asanu ndi atatu ogwira ntchito kubanki. Ankalandira malipiro ochepa kuposa amuna. Mnyamata akalembedwa ntchito, amayiwo ndi amene ankamuphunzitsa, koma iye n'kumalandira zambiri ndi kukwezedwa iwo ali pomwepo. Pa 16 Disembala 1977 ananyanyala ntchito. Disembala kumeneko ndi nyengo ya chisanu choopsa, madzi amaundana kukhala mwala. Iwo ankayenda uku ndi uku pakhomo pa banki atanyamula zikwangwani, atavala zovala zochindikala mpaka kumaso. Ambiri m'tauniyo anawatembenukira, ena oyandikana nawo nyumba anasiya kuwapatsa moni. Mu 1979 bungwe la boma loona za ntchito linagamula kuti bankiyo inalakwadi pa zina, komabe silinalamule kuti amayiwo abwezeredwe ntchito kapena malipiro awo. Pamapepala, anagonja.

Lee Grant anapita komweko ndi kamera, ndipo filimu yake, The Willmar 8, inatuluka mu 1981. Sanakaime kutsogolo kuti anthu aone nkhope yake yotchuka. Anawasiya amayiwo kuti alankhule okha, afotokoze mmene zimapwetekera kuti mnzako wa kutchalitchi akuyang'anire kumbali. Achinyamata inu, luso lake linali limenelo. Wosewera wabwino amaphunzira kumvetsera mnzake pa siteji asanayankhe, ndipo iye anangotenga khutu lomwelo n'kupita nalo kwa anthu wamba. Ankadziwa kufunsa funso n'kukhala chete, osathamangira kudzaza mpata.

Kuchokera pamenepo sanabwererenso m'mbuyo. Anajambula amayi amene ali m'ndende chifukwa chopha, ambiri mwa iwo atazunzidwa zaka zambiri ndi amuna awo. Anajambula za nkhanza za m'banja. Mu 1986 anatulutsa Down and Out in America, yoonetsa umphawi m'nthawi ya pulezidenti Ronald Reagan: alimi akulandidwa minda chifukwa cha ngongole za kubanki, anthu opanda nyumba ku Los Angeles akugwetseredwa tizisakasa timene anamanga okha, mabanja ku New York akuunjikana m'chipinda chimodzi cha hotela yakutha. Dziko lolemera chotere, koma mwana akugona osadziwa kuti mawa adzuka kuti. Filimuyi inalandira Oscar mu 1987, mogawana ndi filimu ina, ndipo mmodzi mwa amene anaiyendetsa n'kulandira mphothoyo anali mwamuna wake wachiwiri, Joseph Feury, amene anagwira naye ntchito zimenezi kwa zaka zambiri.

Chaka chomwecho bungwe la otsogolera mafilimu la Directors Guild of America linamupatsanso mphoto chifukwa cha filimu ya pa TV ya Nobody's Child, yonena za mayi amene anatsekeredwa zaka zambiri m'chipatala cha odwala maganizo. Mbiri yake yonse anailemba yekha m'buku limene linatuluka mu 2014.

Ndiime kaye apa. Amayi kumbuyoko ndaona mwakweza dzanja kalekale, tiyeni timve funso lanu.