Kusewera Moonwalker pafoni, mvetserani bwino

Eya, anzanga apagulu, mwaswera bwanji? Ambiri mwandifunsa za gemu ya Michael Jackson ija, ndiye ndangoti ndijambule mawu kamodzi aliyense amve.

Gemuyo dzina lake ndi Moonwalker. A Sega anaitulutsa mu 1990 pa makina awo a Mega Drive, amene ku America amati Genesis, ndipo nkhani yake anaitenga mu filimu ya 1988 ya dzina lomweli. Oimba ena nawonso anali ndi magemu awo, a Aerosmith anali ndi Revolution X mu 1994, a Spice Girls Spice World mu 1998, koma kwa ine yoyenera kutayirapo nthawi ndi ya Michael basi.

Poyamba mufunika emulator, kapulogalamu kochititsa foni yanu kudziyesa Mega Drive. A Android lowani pa Play Store, sakani Lemuroid, ndi yaulere. RetroArch iliponso, koma zosankha zake ndi zambirimbiri, woyamba kumene mutu umazungulira. A iPhone inu, Apple inayamba kulola ma emulator mu 2024, ndiye RetroArch yomweyo muipeza pa App Store.

Kenako fayilo ya gemuyo, imene amati ROM. Apa ndinene poyera: gemuyi ili ndi eni ake, njira yosakayikitsa ndi kukopera pa katiriji yanuyanu, kakaseti ka gemu kolowetsa mu Mega Drive. Koma chenjezo langa ndi ili. Fayilo yeniyeni imathera ndi .md, .bin kapena .gen, mwina ili mu zip, ndipo siifika ndi 1 MB yomwe. Wina akakupatsani yothera ndi .apk n'kumati ndi Moonwalker, musaitsegule, mungalowetse vairasi m'foni.

Pangani foda, ikanimo fayiloyo, tsegulani Lemuroid n'kuilozera fodayo. Ulendo woyamba siyani data yoyatsa chifukwa imatsitsa tina ndi tina. Ikatero, bando siifunikanso. Foni muigoneke chopingasa, mabatani atakasuke.

Tsopano kaseweredwe. Ambiri amangomenya adani mpaka kutopa, osadziwa chifukwa chake sitejiyo sikutha. Ntchito yanu ndi kupeza ana amene Mr. Big, mkulu wa zigawenga mu gemuyi, wawabisa. Mu siteji yoyamba, imene ndi kalabu, anawo ali kuseri kwa zitseko ndi mawindo, ndiye imani pakhomo, dinani muvi wa m'mwamba. Khomo lina mukatsegula mutuluka chigawenga, musadabwe. Mukapeza ana onse, Bubbles, chimpanzi wa Michael uja, amadzakwera paphewa n'kumakulozerani kumene kuli nkhondo yomaliza. Tsatirani dzanja lakelo.

Pokoma ndi apa. Mukagwirizira batani la matsenga, Michael amayamba kuzungulira. Mukalisiya msanga amaponya chipewa. Mukaligwirabe, nyimbo imasintha, adani onse amene akuoneka pa sikirini amafola n'kuyamba kuvina naye, akamaliza onse gwa! Ngakhale agalu amavina, ndikunenetsa. Koma kuvinako kumadya mphamvu zanu kwambiri, ndiye kusungireni pamene akuzingani ochuluka. Mphamvu zikachepa, pezani mwana wina, zimabwererako.

Vuto la foni ndi galasi. Chala sichimva batani, ndipo pamasitepe pamafunika kudina chopendekera, apo ndiye mudzakwiya. Amene muli ndi padi yosewerera magemu ya Bluetooth lumikizani. Amene mulibe, musanakumane ndi gulu lomaliza la siteji iliyonse, tsegulani menyu ya Lemuroid musunge pomwe mwafika, kuti akakugwetsani muyambire pomwepo.

Chabwino, kayeseni. Wokanika pena anditumizire chithunzi cha sikirini, tione limodzi.