Makalata a Omvera: Perefyumu Akalowa M'diso

Takulandiraninso omvera nonse, a muno m'Lusaka ndi a kutali kumene mawu athu akufika. Sabata ino makalata ambiri abwera ndi nkhani za maso. Tiyambe ndi yochokera ku Mtendere. Mayi amene alembawa apempha kuti tisawatchule dzina, ndipo titero.

"Achemwali a pa wailesi, moni. Loweruka lapitali kwathu kunali kitchen party ya mwana wa mkulu wanga. Atsikana anali m'chipinda, wina akupesa, wina akudzola, ndipo mwana wanga wamkazi wa zaka 4 anakwera pabedi n'kutenga botolo la perefyumu wa azakhali ake. Amafuna adzipopere ngati akuluakulu, koma kabowo kanaloza kumaso. Anakuwa mpaka oimba ng'oma panja analeka. Ine ndinamupukuta ndi nsalu yonyowa. Apongozi anga anaitana mkazi wa mlamu wanga, amene akuyamwitsa, kuti amufinyire mkaka m'diso, akuti kwathu ku Katete timatero. Lero ndi Lachiwiri, diso likadali lofiira, m'mawa limadzuka litamatana ndi manthongo, ndipo mwana sakufuna kutuluka padzuwa. Kodi ndidikire pang'ono?"

Amayi, musadikirenso. Ngati simunapite kale kuchipatala, tsekani wailesiyi, mubereke mwanayo mupite lero lomwe. Yambirani pa kiliniki ya ku Mtendere komweko, ndipo akaona kuti pakufunika dokotala wa maso akutumizani kuchipatala cha Levy Mwanawasa, pamsewu wa Great East, kapena kuchipatala cha maso cha ku UTH, chipatala chachikulu chija cha University Teaching Hospital. Kufiira kokha sikukanandidetsa nkhawa kwambiri. Chimene chandidetsa nkhawa ndi manthongo aja pamodzi ndi kuthawa dzuwa, patapita masiku chichitikireni. Zimenezi zimasonyeza kuti kutsogolo kwa diso kungakhale kabala, ndipo mwina tizilombo talowapo. Botolo la perefyumulo mulitenge, ndipo za mkaka zija mukanene osabisa. Palibe amene akakumangeni, koma dokotala akufunika kudziwa zonse zimene zalowa m'disomo.

Tsopano ndifotokozere tonse, chifukwa ngoziyi ingagwe m'nyumba ya aliyense. Timanena kuti mafuta onunkhira, koma m'botolo lopopera lija mafutawo ndi ochepa. Mbali yaikulu, kawirikawiri magawo 70 mpaka 90 pa 100 alionse, ndi spiriti, yemwe ali m'sanitayiza amene tinazolowera kudzola m'manja kuyambira 2020. Kutsogolo kwa diso, pamene pali mwanadiso, pali kagalasi kooneka mbee, ndipo pamwamba pake pali kakhungu kopyapyala kwambiri, kodzaza ndi timitsempha tomva ululu. Spiriti akafika pamenepo amachotsa chinyezi cha misozi n'kuyamba kusupula kakhunguko. Ndiye kuwawa kuja, misozi yosaleka, ndi zikope zokana kutseguka. Chabwino n'chakuti kakhunguka kamamera msanga. Diso likatsukidwa bwino nthawi yomweyo, nthawi zambiri limachira pa tsiku limodzi mpaka masiku 3.

Mankhwala oyamba ndi madzi. Madzi oyera, ambiri, nthawi yomweyo, kwa mphindi 15 zathunthu. Apa ndi pamene ambiri timalephera. Munthu amawaza madzi kumaso kawiri katatu, akamva kuti kwazizira pang'ono n'kuleka, chonsecho sipanathe ndi mphindi imodzi yomwe. Tengani foni, tcherani nthawi, ndipo mudzadabwa kutalika kwake kwa mphindi 15 mwana akulira m'manja mwanu. Musaleke panjira.

Kachitidwe kake ndi aka. Sambani m'manja ndi sopo mwachangu, mutsukuluze bwino, chifukwa perefyumu amatsalira ku zala. Mwana wamng'ono mukulungeni m'chitenje manja ali m'kati, kuti asafikise diso komanso asakukankheni. Mugonekeni pamiyendo panu, beseni lili pansi, mutu utapendekera mbali ya diso lovulalalo, kuti madzi akamatsika asadutsire ku diso labwino. Wina agwire mutu. Inu tsegulani zikope ndi chala chachikulu ndi chamkombaphala, ndipo ndi kapu, tiketulo kapena botolo loyera thirani madzi pang'onopang'ono kuyambira kumbali ya mphuno, aziyenda kupita cha kukhutu. Madzi asakhale otentha, asakhalenso a m'firiji. Mwana akamaphethira musamuletse, kuphethirako kumathandiza madzi kufika kuseri kwa zikope. Adzalira, adzakutukwanani m'chinenero chake, agogo adzati mwana mukumupha. Pitirizani. Wamkulu angathe kuika nkhope pansi pa mpope wotsegulidwa pang'ono, akuyendetsa diso kumwamba, pansi ndi m'mbali.

Za apongozi anu, amayi, ndilankhule mwaulemu, chifukwa agogo aja anachita zimenezi pomukonda mdzukulu wawo, ndipo ndi zimene iwonso anaona amayi awo akuchita. Koma mkaka wa m'mawere si wa m'diso. Madontho angapo sangatsuke spiriti, pofunika madzi makapu ambirimbiri. Komanso mkaka uli ndi shuga ndi mafuta, ndipo umadutsa pakhungu la bere pamene pamakhala tizilombo. M'mimba mwa mwana zimenezi sizivuta, koma pa diso losupuka ndi chakudya cha tizilomboto. N'chimodzimodzi madzi a shuga, madzi a masamba ofinya, ndi malovu. Choopsa kuposa zonse ndi mkodzo. Ngati mwini mkodzoyo ali ndi chinzonono, ngakhale iye asakudziwa, matendawa akalowa m'diso angathe kuboola kagalasi kaja m'masiku ochepa, munthu n'kuchita khungu mpaka kalekale. Mukafika kunyumba muwafotokozere agogo modekha, ndipo ngati n'kotheka mupite nawo limodzi kuchipatala akamve okha kwa anamwino.

Kumeneko musaope. Adzamudonthezera mankhwala oziziritsa ululu, kenako kautoto kachikasu kotchedwa fluorescein, n'kuunika ndi nyale ya buluu. Pamene pasupuka pamawala mobiriwira, ndipo dokotala amaona kukula kwa bala ndi maso ake. Akatero ndi pamene amadziwa mankhwala oyenera.

Kalata yachiwiri yachokera kwa mnyamata wochita malonda ku Kamwala.

"Anti, ine ndimagulitsa perefyumu wothira m'timabotolo. Ndimagula mafuta ndi spiriti, n'kumasakaniza ndekha ndi jakisoni. Tsiku lina jakisoni anatseka, nditakankha mwamphamvu zinandithovukira m'diso lamanja. Ndinasamba kumaso n'kupitiriza ntchito chifukwa makasitomala anali pamzere. Madzulo ndinagula mankhwala odontheza m'maso pa kantemba ena, ndipo kufiira kunatha tsiku lotsatira. Koma ndikangosiya kudontheza kumabwerera, ndiye ndakhala ndikugulabe. Tsopano ndi mwezi wachiwiri. Kodi pali vuto?"

Achimwene, vuto lilipo, ndipo tsopano silikuchokeranso kwa perefyumu uja. Tengani kabotolo kanuko muwerenge pachikalata chake. Mukapezapo mawu akuti dexamethasone, betamethasone kapena prednisolone, dziwani kuti amenewo ndi ma steroid. Amachotsa kufiira mofulumira, n'chifukwa chake anthu amawatama kuti ndi amphamvu, koma amangophimba vuto. Akadonthezedwa pa diso lokhala ndi bala amachedwetsa kupola ndipo amapatsa mpata tizilombo, makamaka ta mtundu wa nkhungu ndi mavairasi. Akagwiritsidwa ntchito milungu yambiri, kwa anthu ena amakweza mphamvu ya madzi a m'kati mwa diso, matenda amene madokotala amati glaucoma. Amenewa sapweteka. Amadya mtsempha wa diso mwakachetechete kuyambira m'mbali, ndipo chimene chatayika sichibwerera. Angayambitsenso ng'ala munthu akadali wamng'ono. Miyezi iwiri ndi nthawi yokwanira kuti mukayezetse. Pitani sabata ino ku UTH kapena ku Lusaka Eye Hospital ku Makeni, kabotoloko kali m'thumba, mukanene kuti akuyezeni mphamvu ya m'diso. Iwo ndi amene akakuuzeni kasiyidwe kake.

Ndinene poyera kuti zimandipweteka mtima kuona mankhwala oterewa akugulitsidwa ngati maswiti. Ndi mankhwala ofunika kalata ya dokotala. Bungwe la ZAMRA ndi limene limapereka zilolezo kwa ogulitsa mankhwala m'dziko muno, ndipo muli ndi ufulu wofunsa chilolezocho musanatulutse ndalama zanu. Diso si malo oyeserapo.

Pa ntchito yanuyo, achimwene, gulani magalasi otchinga maso, aja amavala amisiri, ali m'masitolo a zomangira ku Kamwala komweko. Pansi pa tebulo pazikhala botolo la malita 2 la madzi akumwa losatsegula, la ngozi yokha basi. Zikachitikanso, kasitomala adikire mphindi 15. Mufunsenso amene amakugulitsani spiriti kuti ndi wamtundu wanji. Woyenera m'perefyumu ndi ethanol. Pali wina wotchipa wotchedwa methanol amene ndi poizoni, munthu akamumwa angachite khungu kapena kufa. Ndipo popeza timabotolo tanu timakongola ndipo timathera m'nyumba za ana, muziwauza amayi ogula kuti aziika patali. Mwana wamng'ono akamwa perefyumu, spiriti angagwetse shuga wa m'magazi ake mpaka kukomoka. Zikatero musamusanzitse, thamangani naye kuchipatala ndi botololo.

Uthenga waufupi wabwera pa WhatsApp kuchokera kwa mtsikana wogwira ntchito mu saluni ku Kabwata. Akuti amavala ma contact lens amitundu, timagalasi tating'ono toika pa diso penipeni, ndipo mnzake anamupopera mwangozi. Akufunsa ngati angawatsuke n'kuwavalanso.

Ayi mwanawe, amenewo ataye. Ma lens ofewa amamwa perefyumu n'kumusunga pa diso. Ngozi ikachitika yamba kuthira madzi, uwachotse msanga ndi manja oyera, upitirize kutsuka. Usavalenso ena mpaka diso litayera ndipo ululu watheratu. Ndiponso ma lens satsukidwa ndi madzi a pampope, ali ndi madzi akeake.

Yomaliza lero yachokera kwa bambo wina womanga nyumba ku Kanyama, ndipo funso lawo ndalikonda.

"Amayi, pa wailesi mumanena kuti madzi oyera, madzi oyera. Kwathu kuno mpope suyenda tsiku lililonse, ambiri timatunga pa zitsime zosazama. Kolera ija tinaiona ndi maso athu. Nanga munthu perefyumu kapena simenti ikamugwera m'diso, ndithire madzi a pachitsime, kapena ndiyambe ndawiritsa?"

Abambo, mantha anu ndi omveka. Tonse tikukumbukira mliri umene unayamba mu Okutobala 2023, mpaka bwalo la National Heroes Stadium linasanduka chipatala cha odwala kolera kumayambiriro kwa 2024. Yankho langa ndi ili: thirani madzi abwino koposa amene muli nawo pafupi panthawiyo, koma musataye nthawi kukoleza mbaula. Yambani ndi a m'chigubu chanu cha madzi akumwa, owiritsa kale n'kuzizira kapena othira klorini pamuyeso wake. Akuchepa, tumani mwana akagule a m'botolo pa kantemba inu mukutsuka. Madzi okhala ndi sopo kapena a m'beseni lochapira ayi.

Mwatchula simenti, ndipo pamenepa ndikufuna amisiri onse atchere khutu, chifukwa nkhani yake ndi ina. Perefyumu amasupula pamwamba. Simenti, laimu, soda wopangira sopo, mankhwala oyeretsera zovala ndi otsegulira mapaipi otseka, amenewa amalowerera m'kati mwa diso ndipo amapitiriza kudya malinga akadalimo. Asidi wa m'batire ya galimoto nayenso amaotcha koopsa. Pa zinthu zimenezi mphindi iliyonse ndi yamtengo wapatali. Ngati pamalo pomangapo pali madzi a m'diramu kapena a pachitsime okha, thirani omwewo, bola asakhale osakanizidwa kale ndi simenti. Tizilombo ta m'madzi dokotala angathe kulimbana nato pambuyo pake, koma diso lopsa ndi simenti kulibweza n'kovuta. Tsukani mphindi zosachepera 30, mukukoka zikope kuti timibulu tobisala kuseri tituluke, ndipo ngakhale munthuyo anene kuti wapeza bwino, apite kuchipatala tsiku lomwelo. Chipatala cha Kanyama chili pafupi nanu, ndipo m'galimoto popita wina azithirabe madzi. Musayese kuthira viniga kapena mandimu poganiza kuti ziphana mphamvu, mungoonjeza moto.

Kwa wa perefyumu, akatsuka mphindi 15 zija apumule pamthunzi, asafikise, asamange diso ndi nsalu, asadontheze kanthu. Kufiira pang'ono ndi kumva ngati muli mchenga kwa maola angapo si zachilendo. Koma ngati ululu ukadali waukulu atatsuka, akuona mwachimbuuzi, kuwala kukumupweteka, paoneka kadontho koyera pa mwanadiso, kapena papita maola 24 osasintha, apite kuchipatala. Zipatala za Chawama, Chilenje, Matero, Chipata ndi Kanyama zilipo m'makomboni mwathu, ndipo iwo akaona kuti zakula amatumiza ku UTH. Kwa mwana amene sangathe kufotokoza mmene akuonera, musayembekeze maola 24 amenewo. Akakana kutsegula diso patapita ola limodzi chitsukireni, nyamukani.

Amayi a ku Mtendere, mukabwerako kuchipatala mutilemberenso, tikufuna kumva kuti dokotala wapeza chiyani pa mwanayo.