Ku Joni woyenda pansi amamuyesa wakuba

Moni nonse, a ku Joni kuno ndi inu akumudzi. Lero mundipirire, mtima uli m'mwamba.

M'mawa ndakwera minibasi ya Quantum ku Diepsloot kulowera ku Fourways. Pa Winnie Mandela Drive, uja ena akuutchulabe William Nicol, maroboti anali atazima. Woongolera magalimoto pamsewupo anali mnyamata wogona mumsewu, atavala kajekete konyezimira, ndipo mabwana a ma Fortuner akumumvera bwinobwino! Ine ndinali mpando wakutsogolo. Mukudziwa kale zimenezo: ndalama za anthu onse zimathera m'manja mwako, iwe uziwerenga chenji dalaivala akukuyang'ana ndi diso lofiira. Kwathu ntchito imeneyo ndi ya kondakitala. Kuno ulipire, ugwirenso ganyu yaulere.

Koma chandiwawa n'china. Ife tapanikizana, koma kunja galimoto iliyonse muli munthu mmodzi, magalasi otseka. Nditatsika n'kumayenda kupita kuntchito, mipanda yokhayokha, waya wamagetsi pamwamba, mlonda n'kundiimitsa: ukupita kuti? Munthu wondiona tsiku ndi tsiku! Wa galimoto amamutsegulira geti asanamuone n'komwe nkhope. Mzinda uno anaumangira matayala, abale. Onani nkhani ya e-toll, msonkho wodutsira m'misewu ikuluikulu: anaiyamba mu 2013, eni magalimoto n'kukana kulipira, mpaka boma linaizimitsa mu April 2024. Iwo akakwiya amamveka. Sitima yothamanga ya Gautrain ilipo kuyambira 2010, koma ndani wa ife angamaikwere tsiku lililonse?

Ndiye matenda a galimotowa atigwira nafenso. Achimwene, inu amene mwatenga Polo ya ngongole, tamverani. Mukuyendetsa Bolt, taxi yoitanitsa pa foni, usiku wonse, mukuopa akuba, mukuopanso a mataxi, chifukwa pali malo ena simungayerekeze kunyamulapo munthu. Mwezi ukatha ndalama yapita kubanki, lendi simunalipire, mayi kumudzi akudikira ya feteleza. Zonsezi kuti mu December mudutse pa Beitbridge ndi ku Tete, mukalowe pa Mwanza mukuliza hutala, anthu aziti mwana wa uje zake zinayera ku Joni. Pobwerera mafuta muchita kukongola kwa anzanu omwe mumawaseka kuti ngoyenda pansi.

Musati ndi nsanje. Nanenso ndidzagula, koma Hilux yakale, ikanyamule kachewere ku Dedza, chifukwa Polo yanuyo msewu wa kwathu dzinja siingaudutse.