Gemu ikukana kulowa pa seva? Werengani kaye uthenga umene yalemba

Moni nonse okonda magemu. Anzanu alowa kale, akukudikirani, inu mwadina kuti mulowe pa seva, kenako kabokosi kaja konena kuti mwalephera kulowa katulukira pa sikirini. Ambiri akafika apa amathamangira kufufuta gemu yonse n'kuidawunilodanso, magigabayiti ambirimbiri, koma vuto lili pomwepo. Uthenga wa m'kabokosi kaja umanena pamene ulendo wa kompyuta yanu wathera. Mukadziwa malowo, mudziwanso choyenera kukhudza ndi choyenera kuchisiya.

Musanasinthe chilichonse, funsani mnzanu mmodzi ngati iye walowa. Paja safunsa anadya phula. Ngati nonse mukulephera nthawi imodzi, vuto lili kwa eni seva, inu khalani pansi mudikire. Xbox, PlayStation, Epic Games ndi Riot Games ali ndi masamba osonyeza ngati maseva awo ali bwino. Steam nayo imakonza maseva ake Lachiwiri lililonse pa nthawi ya ku America, ndipo kwa mphindi zingapo anthu amatulutsidwa popanda chimene alakwa.

Tiyambe ndi mauthenga awiri, "Connection timed out" ndi "Connection refused".

Mauthenga awiriwa anthu amawasokoneza, chonsecho akunena zinthu zosiyana kwambiri. "Connection timed out" ili ngati mwanena odi pakhomo, mwabwerezanso, palibe woyankha mpaka mwatopa. Kompyuta yanu yatumiza pempho, yankho silinabwere. Mwina adiresi ndi yolakwika, mwina makina a seva ndi ozima, mwinanso firewall, mlonda wosankha deta yoti idutse, penapake panjira ikutaya mapaketi anu (timagawo ta deta imene mukutumiza) mwakachetechete. "Connection refused" ndi yosiyana: mwafika panyumba, munthu watuluka n'kunena kuti amene mukumufunayo kuno kulibe. Makinawo alipo ndipo ali pa intaneti, kungoti pa poti imene mwagogoda palibe pulogalamu imene ikumvetsera. Nthawi zambiri pulogalamu ya seva yagwa, ikuyambanso, kapena mwalemba poti yolakwika. Mukaona "refused", rauta yanu ilibe mlandu.

Poti ndi chiyani? Adiresi ya IP ndi nyumba, poti ndi chitseko cha nyumbayo. Minecraft Java imagwiritsa ntchito poti 25565 pa TCP, pamene Minecraft Bedrock imagwiritsa ntchito 19132 pa UDP (TCP ndi UDP ndi njira ziwiri zotumizira deta). Magemu ngati Counter-Strike ndi Team Fortress 2 amayambira pa 27015. Mukangolemba adiresi yokha, gemu imapita pa chitseko chimene inazolowera. Ngati mwini seva anasankha poti ina, muyenera kulemba adiresi, madontho awiri, kenako nambala ya poti, osasiya mpata pakati. Pa Bedrock poti ili ndi kabokosi kakekake. Dziwaninso kuti Java ndi Bedrock sizilowerana, pokhapokha mwini seva ataika pulogalamu yolumikiza ziwirizi, monga Geyser.

"Unknown host" ikutanthauza kuti dzina la seva silinasandulike nambala. Ntchito imeneyi ndi ya DNS, kaundula wa pa intaneti wosandutsa mayina kukhala maadiresi a IP. Onani kaye kalembedwe, chifukwa kampata kamodzi kotsalira kumapeto mukakopera adiresi n'kokwanira kusokoneza zonse. Ngati dzina lili bwino, tsegulani Command Prompt, zenera lolembamo malamulo mu Windows, lembani ipconfig /flushdns, ndipo zikakanikabe sinthani DNS kukhala 1.1.1.1 ya Cloudflare kapena 8.8.8.8 ya Google. Tinene pano kuti kusintha DNS sikuchepetsa ping (nthawi imene paketi imatenga kupita ndi kubwera) mkati mwa gemu, kaya mavidiyo angati anene zimenezo. DNS imangokulozerani njira poyamba, mukalowa ntchito yake yatha.

Pali gulu lina la mauthenga limene liyenera kukukhazikani mtima pansi: "Outdated client", "Outdated server", "Invalid session", "Failed to verify username", ndi uja wonena kuti simuli pa whitelist, mndandanda wa ololedwa kulowa. Onsewa akusonyeza kuti mwafika, seva yakuonani, yakana pa chifukwa chake. Intaneti yanu ili bwino. "Outdated client" ndiye kuti gemu yanu ndi yakale kuposa ya pa seva, ikani apudeti. "Outdated server" ndiye kuti inu ndi amene mwatsogola, sankhani version yakale yofanana ndi ya seva mu launcher, pulogalamu yoyambitsira gemu. Ngati seva ili ndi ma mod, zowonjezera zosintha gemu, anu afanane ndi ake mpaka nambala ya version, osati dzina lokha. "Invalid session" imatha mukatseka gemu ndi launcher yomwe, kutuluka mu akaunti n'kulowanso. Onaninso wotchi ya kompyuta. Tsiku likakhala lolakwika, masatifiketi a chitetezo amakanidwa ndipo kulowa mu akaunti kumalephereka, munthu n'kumadabwa. Za whitelist ndi ban, wothetsa ndi mwini seva yekha.

Tsopano tibwerere ku "timed out", chifukwa ndi imene imadya nthawi. Tiifufuza kuyambira pafupi kupita kutali.

Tsegulani Command Prompt ya Windows.

Lembani ipconfig. Yang'anani mizere iwiri. Pa IPv4 Address, mukaona nambala yoyamba ndi 169.254, kompyuta sinalandire adiresi kuchokera ku rauta, ndiye vuto ndi chingwe, Wi-Fi kapena rautayo. Pa Default Gateway pali adiresi ya rauta yanu, kawirikawiri 192.168.0.1 kapena 192.168.1.1. Lembani ping -n 50, mpata, kenako adiresi imeneyo. Mapaketi 50 apita ku rauta n'kubwerera. Pa chingwe yankho liyenera kubwera mu milisekondi 1 kapena kuchepera, pa Wi-Fi mamilisekondi ochepa chabe, ndipo otayika akhale 0%. Manambala akamadumphadumpha kuchoka pa 3 kufika pa 200, kapena mapaketi ena akasowa, vuto lili m'nyumba mwanu momwemo.

Pamenepa mankhwala abwino ndi chingwe cha Ethernet. Ngati sizingatheke, sankhani Wi-Fi ya 5 GHz mukakhala pafupi ndi rauta. Ya 2.4 GHz imafika patali ndi kudutsa makoma, koma imapanikizana ndi Bluetooth, microwave ndi marauta a oyandikana nawo. Zulani rauta ku magetsi kwa masekondi 30. Ngati modemu ili payokha, yambani kuyatsa iyo, idikireni magetsi ake akhazikike, kenako rauta.

Ku rauta kukakhala bwino, lembani ping -n 50 1.1.1.1. Mapaketi akamatayika apa, vuto lili pakati pa rauta ndi kampani yokupatsani intaneti, kapena wina m'nyumba wadzaza laini. Amene amavutitsa kwambiri ndi otumiza zinthu, monga foni imene ikukweza zithunzi ndi mavidiyo pa intaneti yokha. Mapaketi a gemu amaima pamzere kumbuyo kwa katundu yenseyo. Speed test isakupusitseni. Gemu ikamaseweredwa imadya deta yochepa, nthawi zambiri osafika megabiti 1 pa sekondi. Chimene imafuna n'chakuti mapaketi afike onse, pa nthawi yake. Mtunda nawo ulibe mankhwala: kuwala mu faiba kumayenda pafupifupi makilomita 200,000 pa sekondi, choncho makilomita 1,000 aliwonse amawonjezera mamilisekondi osachepera 10 kupita ndi kubwera. Sankhani dera la seva lapafupi.

Kenako yesani seva yeniyeniyo. Ping yokha siyodalirika apa, poti maseva ambiri anaikidwa kuti asamayankhe ping ngakhale ali moyo. Tsegulani PowerShell, zenera lina la malamulo mu Windows, lembani Test-NetConnection, adiresi ya seva, kenako -Port 25565 kapena poti ina imene mwapatsidwa. Mukaona TcpTestSucceeded ikunena True, njira ndi yotseguka, ndiye chikutchinga gemu chili pa kompyuta yanu. Lamuloli limayesa TCP yokha, choncho pa Bedrock ndi magemu ena a UDP silingakuuzeni kanthu.

Chotchinga pa kompyuta kawirikawiri ndi firewall, antivirus kapena VPN. Zimitsani VPN kaye. Mu Windows Defender Firewall, pitani pamene pamalembedwa mapulogalamu ololedwa, pezani gemu yanu, onetsetsani kuti yachongedwa pa mtundu wa netiweki imene mukugwiritsa ntchito, Private kapena Public. Pa Minecraft Java dzina limene mungapeze ndi javaw.exe kapena OpenJDK Platform binary. Anthu ambiri anadina Cancel tsiku loyamba pamene Windows inafunsa, n'kuiwala. Kuzimitsa firewall kwa mphindi imodzi pofuna kuyesa n'kololeka, koma muiyatsenso n'kuloleza gemu yokhayo.

Njira yachidule yogawa vuto pakati ndi iyi: lumikizani kompyuta kapena console ku hotspot ya foni. Mukalowa, makina anu ali bwino, wolakwa ndi rauta kapena laini yanu. Mukalepherabe, ndi makina anu kapena seva. Netiweki za kusukulu, kuntchito ndi kuhotela zimatseka mapoti a magemu dala, ndipo pamenepo palibe chimene mungasinthe kumbali yanu.



Tifike pa NAT, njira imene rauta imagawira adiresi imodzi ku zipangizo zambiri, pamene pamagona chisokonezo chachikulu. Zipangizo zonse za m'nyumba zimatulukira pa adiresi imodzi, ndipo rauta imasunga kaundula wa amene watumiza chiyani kuti yankho libwerere kwa mwini wake. Paketi yochokera kunja imene palibe anaiitana, rauta imaitaya. Mukamalowa pa seva yokhazikika, inu ndi amene mwayamba kulankhula, choncho yankho limadutsa bwinobwino ndipo port forwarding, kutsegula poti pa rauta kuti ilozere makina anu, simukuifuna n'komwe. NAT imavuta pa magemu amene osewera amalumikizana okhaokha, pa macheza a mawu, komanso inu mukakhala mwini seva.

Posonyeza mtundu wa NAT yanu, Xbox imalemba Open, Moderate kapena Strict. PlayStation imalemba Type 1, 2 kapena 3. Nintendo Switch imagwiritsa ntchito zilembo, A ndiyo yabwino, D ndi F ndi zovuta. Wa Strict amalumikizana ndi wa Open yekha, n'chifukwa chake mumatha kusewera ndi mnzanu mmodzi koma wina ayi, gemu yomweyomweyo. Pa PlayStation, Type 2 ndi yabwino kale, musavutike kufunafuna Type 1.

Yambani ndi UPnP, imene imalola console kudzitsegulira yokha mapoti pa rauta. Lembani adiresi ya Default Gateway ija mu browser, lowani ndi pasiwedi ya rauta, yatsani UPnP, kenako zimitsani ndi kuyatsanso rauta ndi console. Zikakana, tsegulani mapoti pamanja: 3074 pa UDP ndi TCP ya Xbox, 3478 ndi 3479 pa UDP ya PlayStation. Koma choyamba uzani rauta kuti izipatsa console adiresi yomweyo nthawi zonse, kudzera pa DHCP reservation. Mukapanda kutero, mawa adiresi isintha ndipo poti izilozera foni ya munthu wina. Ngati muli ndi ma console awiri a mtundu umodzi, siyirani UPnP, chifukwa poti imodzi singalozere makina awiri. DMZ ya pa rauta imatsegula zitseko zonse kulozera makina amodzi. Pa console ena amaigwiritsa ntchito, koma pa kompyuta ife sitikulimbikitsa.

Mwachita zonsezi NAT ikadali Strict? Onani adiresi ya WAN, ya mbali yakunja ya rauta, pa tsamba la rauta, muiyerekeze ndi imene webusaiti yosonyeza IP ikukuuzani. Zikasiyana, pali NAT ina kutsogolo kwanu. WAN ikayamba ndi 192.168, kawirikawiri muli ndi marauta awiri otsatizana, ndiye ikani yoyambayo pa bridge mode kapena yachiwiriyo pa access point. Ikakhala pakati pa 100.64 ndi 100.127, imeneyo ndi CGNAT: kampani ikugawa adiresi imodzi kwa makasitomala ambiri, ndipo izi n'zofala pa intaneti ya 4G ndi 5G. Apa port forwarding ya pa rauta yanu ilibe mphamvu, chitseko chenicheni chili kwa iwo. Apempheni public IP, adiresi imene imafikika kuchokera kunja, kapena ikani seva yanu pa makina obwereka a pa intaneti.

Kwa amene mukuyendetsa seva panyumba, anzanu akunja apatseni adiresi ya public, osati ya 192.168. Inuyo lembani localhost m'malo mwa adiresi ngati seva ili pa kompyuta yomweyo, chifukwa marauta ena salola kutuluka n'kubwereranso pa adiresi yanu ya public. Pa Minecraft, mzere wa server-ip mu fayilo ya server.properties usiyeni wopanda kanthu.

Ngati mumalowa kenako n'kutulutsidwa ndi uthenga wa Easy Anti-Cheat kapena BattlEye, mapulogalamu ogwira obera pa masewera, apa ndi pamene mafayilo a gemu amayenera kuonedwa. Pa Steam, dinani gemu ndi batani lakumanja, Properties, Installed Files, Verify integrity of game files. Imangobweza mafayilo owonongeka, osadawuniloda zonse. Valorant pa Windows 11 imafuna TPM 2.0 ndi Secure Boot, zachitetezo zimene zimayatsidwa mu BIOS, menyu imene mumalowamo kompyuta ikamayaka. Mukafika polembera mwini seva kapena kampani ya gemu, tumizani chithunzi cha uthenga wonse, nthawi imene zachitika, version ya gemu, zotsatira za ping ziwiri zija, ndiponso munene ngati pa hotspot ya foni munalowa kapena ayi.